Cholembera cha Kalaliki

M'nthano za maiko akutali mumamveka za cholembera chamatsenga: chimene chalemba chimachitikadi. Ku Thyolo cholembera chotere chinalipo, m'manja mwa kalaliki wa pa esiteti ya tiyi.

Pa nthaŵi ya thangata, munthu wokhala pa malo a mzungu ankalipira malowo ndi thukuta lake. Ambiri anali Alomwe ochokera ku Mozambique, osadziŵa kuŵerenga. Kalaliki akachonga tikiti madzulo, tsikulo laŵerengedwa. Akakana, ati ntchito sinathe, tsikulo lafera m'munda, ngakhale munthu anagwira khasu chiyambire m'bandakucha. Motero mwezi wa thangata unkatalika kuposa mwezi wakumwamba.

Lamulo la 1962 linathetsa thangata. Cholembera chija chinangosamukira pa sikelo, pomwe kalaliki ankalemba kulemera kwa tiyi wa wothyola aliyense.