Sir Arthur Lewis ndi Funso la Umphawi

Madzulo ano ndifuna kukamba za munthu wakuda amene anatha moyo wace pofufuza cinthu cimodzi: kodi n'cifukwa ninji m'maiko ena anthu agwira nchito dzuwa lonse, koma akhalabe amphawi? Dzina lace ndi William Arthur Lewis.

Iye anabadwa m'caka ca 1915 pa cisumbu ca St. Lucia ku West Indies. Makolo ace onse awiri anali aphunzitsi. Atate wace anamwalira iye ali ndi zaka 7, nasiyira amai ace ana amuna asanu. Pa zaka 14 mnyamatayo anatsiriza sukulu nalowa ukalaliki m'Boma, poyembekeza kuti msinkhu wace ukwane wolembera mayeso a cithandizo copitira ku Ulaya. Mayesowo anapambana mu 1932. Mtima wace unali pa uinjiniya, koma anadziwa kuti masiku amenewo Boma kapena makampani a Azungu sakadalemba injiniya wakuda. Motero mu 1933 analowa pa London School of Economics, asakudziwa n'komwe kuti maphunziro a zacuma ndi ciani. Pofika 1948 anali Profesa ku Manchester, ali ndi zaka 33 zokha.

Tsono cherani khutu, pakuti nkhani yeniyeni ili apa. Mu 1954 Lewis analemba kuti dziko losauka lili ndi mbali ziwiri. Mbali imodzi ndiyo ya kumudzi, kumene anthu acuruka kuposa nchito, kotero kuti mnyamata mmodzi akacoka, abale ace alimabe munda womwewo ndipo nkhokwe idzala monga kale. Mbali ina ndiyo ya migodi ndi mafakitale. Mwini fakitale safunika kulipira zambiri. Angoonjeza pang'ono pa zimene munthu akadapeza kumudzi, ndipo anthu afika pacipata ali mzere. Malipiro akhala pansi, phindu likula, ndipo mwiniyo akabweza phindulo m'makina atsopano, alemba anthu enanso. Malipiro ayamba kukwera pokhapo anthu otsala kumudzi atacepa.

Mwa ici Lewis anaona cinthu cowawa: kuti wolemba anchito apindula mlimi akakhala wosauka. Ananena poyera kuti mu Afrika atsamunda anasaukitsa midzi polanda minda, pogwiritsa anthu thangata, ndi poika msonkho wokakamiza amuna kukafuna nchito kwa Azungu. Amene agogo ao anapita ku migodi cifukwa ca msonkho adziwa kuti sananame. Koma ine ndikaika ngati nkhokwe inadzaladi monga kale m'midzi imene munatsala akazi ndi nkhalamba zokha.

Boma la Gold Coast linampempha malangizo a kamangidwe ka mafakitale. Mu 1953 iye anayankha kuti coyamba ndi kukonza ulimi wa cakudya, pakuti mlimi wopanda ndarama sagula nsaru ya m'fakitale. Dzikolo litalandira ufulu mu 1957 nkuchedwa Ghana, Kwame Nkrumah anamuitana kukhala mlangizi wace. Awiriwa sanamvane. Lewis anadandaula kuti ndarama za dziko zilikuthera pa zinthu zongoonetsa ulemu. Nkrumah anaona kuti mtsogoleri wa dziko latsopano ayenera kufulumira, anthu aone zipatso za ufulu. Kumapeto kwa 1958 Lewis anacoka.

Anabwerera ku West Indies kukatsogolera sukulu yao ya ukacenjede, ndipo mu 1963 anapatsidwa ulemu wa Sir napita kukaphunzitsa ku Princeton ku Amereka. Mu 1979 analandira mphotho ya Nobel ya zacuma pamodzi ndi Theodore Schultz, amenenso analemba zambiri za alimi. Anamwalira ku Barbados mu 1991, ndipo anaikidwa kwao ku St. Lucia, pa bwalo la koleji yochedwa dzina lace.

Gonani bwino.