Nchito ya Kanema wa Zaumoyo

Madzulo ano ndikamba za nchito imene anyamata ambiri saiganizira.

M'caka ca 1936 Notcutt ndi anzace anajambula ku Tanganyika kanema wa njoka zam'mimba zolowera kumapazi. Central African Film Unit inayamba mu 1948, ndipo wailesi ya kanema inafika ku Kitwe mu 1961. Koma cithunzi pacokha siciciritsa munthu. Ku Lundazi, kwa Mwase ndi kwa Magodi, kufunika mwana wakomweko, wodziwa Cicewa ndi Citumbuka, woti aime pambali pa nsaru nafotokozere agogo cifukwa cace mdzukulu wopondaponda popanda nsapato pamudzi wopanda cimbudzi amatha magazi. Inu otumiza ndalama kumudzi, mphwanu wolankhula bwino uja mlipirireni sukulu.